Sabata Imene Ndinalenga Mwezi

Lolemba

Ndili pa tchuthi sabata yonse, ku care home kumene ndimasamala okalamba, kuno ku Barking m'dziko la eni, andiona Lolemba linalo. Mulungu ngwabwino! Mwana wanga Tadala wabwera ndi homuweki: apeke mwezi wa dziko lina lakutali mlengalenga, afotokoze nyengo yake, nyama zake ndi mbiri yake, aumbenso chifanizo. Akapereke Lachisanu. Iye akufuna dzina loti Sparkle. Sparkle! Mwana wa ku Ntcheu! Ndakana. Mwezi wathu ndi Chifunga, ndipo tiupangira limodzi, pakuti masiku ano mwanayu amangoona msana wanga ndikuthamangira basi. Zofunika: baluni, nyuzipepala zaulere za pa siteshoni, ufa, penti.

Lachiwiri

Nyengo yatheka. Pa Chifunga dzuwa limatuluka kamodzi pachaka, anthu n'kuthamanga kukayanika zovala. Mvula imagwa chammbali. Mitengo imamera chozondoka, mizu kumwamba, kuti izimwa nkhungu. Ndikumuwerengera Tadala mokweza, iye akuti, "Dad, that's just Barking." Mwano!

Baluni ndaimata ndi nyuzipepala ndi phala. Amake Tadala aweruka kuchipatala, akufunsa kumene kwapita ufa wawo woyera wochokera kumudzi. Ndikuwauza kuti sayansi imafuna nsembe. Sakuseka.

Lachitatu

Nyama!
Gwadamira: ng'ombe ya miyendo isanu ndi umodzi, iwiri imapuma inayi ili pa shifiti.
Psetete: mbalame yopanda mapiko, imauluka pokhapokha ikakwiya.
Nsomba za mumchenga zimene zimadya phokoso. Dzina ndiganiza mawa.

Tadala akufuna amphaka apinki. Mphaka wapinki adya chiyani mu nkhungu? Ndamufotokozera bwinobwino. Walowa kuchipinda kwake. Mlamu wanga Bwalya, wa ku Zambia uja, wadutsa, wanunkhiza chifanizo: "Mulamu, ka moon kanu kanunkha monga moba." Akutanthauza mowa. Nsanje. Koma zoona sichikuuma.

Lachinayi

Mbiri. Anthu a pa Chifunga anali alimi a nkhungu. Zokolola zitachepa, amphamvu onse anakwera zombo kupita ku dziko lalikulu kukasamala okalamba a eni ake, aliyense akulonjeza kuti abwerera chaka chamawa. Ndafika pamenepo, ndaika cholembera pansi. Amake Tadala awerenga, akuti, "Bambo a Tadala, homuwekiyi ndi ya mwana kapena ndi yanu?"

Ndaika mwezi pa hita kuti uume msanga. Phuu! Baluni yaphulika, kumpoto konse kwalowa mkati. Palibe vuto: ndawonjezera Chivomezi Chachikulu mu mbiri. Sindibwerera m'mbuyo! Fungo lokha ndiye lakula, amake Tadala alamula kuti mwezi ukagone panja.

Lachisanu

Nkhandwe! Nkhandwe za ku Barking zadya Chifunga! Pakabwalo kakuseri patsala zidutswa za nyuzipepala ndi mphira wa baluni. Ndikutola, ndikuganiza zomuuza mwana.

Tadala akutuluka ali phee, wanyamula bokosi la nsapato. Mkati: Sparkle. Mapiri a thonje, amphaka apinki mbwee. "I made it on Wednesday. You were busy."

Ndamuperekeza kusukulu, iye patsogolo ndi bokosi lake, ine m'mbuyo ndi chikwama chake. Ndatenga tchuthi kuti ndikhale naye, ndiye ndatanganidwa ndi ng'ombe ya miyendo isanu ndi umodzi.

Loweruka

Ndadzuka ndi maganizo atsopano: Chifunga wachiwiri, wa simenti, nkhandwe zikathyoke mano! Amake Tadala abisa mapoto onse ndi mthiko womwe.

Ndakhala pansi pa kapeti, Tadala akundifotokozera za Sparkle. Amphaka amadya kuwala kwa nyenyezi. Kale kunali nkhondo ya amphaka ndi mitambo, inatha chifukwa onse anatopa. Ndili ndi mafunso ambiri a sayansi. Ndawameza onse. Walankhula mpaka tiyi wanga wazizira, ndipo sindikumbuka tsiku limene anandilankhula motalika chonchi.

Lamulungu

Kutchalitchi, kenako kusita yunifolomu. Mawa ntchito. Simenti ndaisiya.

Tadala wawerenga mapepala anga, Chichewa chake chikupunthwa mzere uliwonse, ndipo wagamula mlandu: Chifunga aloledwa kukhalapo, koma akhale kamwezi kakang'ono kozungulira Sparkle, patali ndithu. Nyama zanga zidikire kaye, aziona payekha imodziimodzi. Za Gwadamira akuti mwina, akaipaka pinki.

Ndavomera. Penti ndikagula ndine.