Ba Mwalimu Twaibu ndi Thumba la Nsapato za Kumanzere

Mukafika ku Kafue n'kufunsa za ba Mwalimu Twaibu, aliyense amayamba wayang'ana kaye kumapazi kwake. Mkuluyu sankamenya mwana. Chikoti analibe. Chilango chawo chinali chimodzi basi: kulanda nsapato ya kumanzere.

Paja m'madrasa salowa ndi nsapato. Ana achisilamu akaweruka kusukulu kwathu masana, ankapita kukaphunzira Kurani m'kanyumba kena pafupi ndi mzikiti, cha kunjanji, ndipo nsapato zonse zinkatsala pakhomo. Pamenepo ndiye panali pa ofesi ya ba Mwalimu. Ankawerama, mzuli utapendekeka kumutu, n'kumawerenga nsapato ngati nyuzipepala.

"Aya matope ni a ku mtsinje. Iwe Imedi, ku sukulu kwanu manje kuli mvuu?"

"Nenze ku sukulu, ba Mwalimu."

"Nsapato yako ikamba vina."

Nsapato ija inkalowa m'thumba la feteleza lomwe silinkachoka paphewa pawo. Kuti ituluke, mwini wake ankayenera kukhala pamkeka, kulakatula sura yake ya m'Kurani osaphonya, kenako n'kufotokoza zomwe waphunzira kusukulu tsiku limenelo. Zonse ziwiri, osati chimodzi. Ine ndakalambira ndikuphunzitsa giredi seveni, koma sindinaone ana omvetsera phunziro la mapapo ngati ana a ba Mwalimu. Ankadziwa kuti madzulo mapapo omwewo akawaombolera nsapato.

Akuluakulu nawo sankapulumuka. Lemmy wokonza magetsi, mnyamata wa kwaya ya Pentekoste, anabwera kudzaika babu m'madrasa. Waya utamugwedeza, anatukwana ana akumva. Potuluka anapeza nsapato imodzi.

"Ba Mwalimu, ine sindine Msilamu!"

"Nsapato ilibe mpingo, mwana wanga. Khala pa mkeka."

Lemmy anakhala, ananena vesi ya ku tchalitchi kwawo, n'kufotokozera ana chifukwa chake waya sagwidwa ndi manja onyowa. Anthu ankati ngakhale sitima ya katundu inkadutsa pamenepo mwaulemu, kuopa kulandidwa gudumu la kumanzere.

Tinkaseka. Koma chaka cha Asiyatu palibe anaseka.

Asiyatu anali mwana wa m'kalasi mwanga, wachete, wa mutu wakuthwa. Bambo ake, ba Saidi Mponda, anali ndi butchala ku msika, ndipo kanyumba ka madrasa kanali pamalo awo. Njerwa zawo, malata awo. Mayeso a giredi seveni ankayamba Lolemba. Lachinayi mwana uja anabwera pa tebulo langa n'kuika mabuku onse a sukulu, atawasanja bwino.

"Ni chani ichi, Asiyatu?"

"Batate bakamba ati niyende ku Chirundu, nikathandize ba anti mu shopu. Ati va Mulungu naphunzira, vakwana."

Basi yake inali ya Loweruka m'mawa.

Ndinapita ku butchala. Ba Saidi anandisiya ndilankhule mpaka malovu kuuma, iwo akudula mafupa. Chikwanje chinkagwa pa mawu anga alionse.

"Ba Madamu, mufuna nyama olo mufuna mwana wanga? Nyama nigulitsa. Kumbuyo kwanu kuli bantu."

Ndinatuluka n'kulunjika kwa ba Mwalimu. Anandimvetsera maso ali pa nsapato zanga, monga mwa chizolowezi. Akazi awo, Abiti Jafali, anasiya kupeta mpunga.

"Bambo, muganize bwino. Yaja malata ni ya ndani? Bana muzabaphunzitsira kuti?"

Ba Mwalimu anangoti, "Mawa ni pa Chisanu."

Lachisanu nditaweruka ndinakaima pansi pa mtengo, kutsidya kwa msewu wa mzikiti. Unali mwezi wa Okutobala, dzuwa lija loti nkhuku zimayenda kukamwa kuli yasa. Swala, pemphero lawo lija, itatha, amuna anayamba kutuluka, aliyense akufuna nsapato zake pamulu. Ba Saidi anatuluka ndi mkanjo woyera. Anapeza ya kumanja, yachikopa, yakuda, yowala ngati galasi. Anasuntha mulu ndi phazi. Anasunthanso. Kenako anadzutsa mutu.

Ba Mwalimu anali chiimire pamasitepe, thumba lili paphewa.

Amene anali atavala kale nsapato sanachoke, ndipo amene anali asanavale anazikumbatira pachifuwa.

"Mwalimu," anatero ba Saidi motsitsa mawu, "ine sindine mwana."

"Niziba."

"Leta nsapato yanga."

Munthu wamkulu ngati uja kumuuza kuti leta, pamaso pa mzikiti wonse! Ba Saidi anakwera sitepe imodzi. Anali munthu woti ng'ombe yathunthu ankaiika paphewa, pomwe ba Mwalimu mphepo ya Ogasiti inkawakankha. Mkulu wina anayesa kulowa pakati.

"Ba Saidi, tengani mapatapata yanga aya, nkhani ithe."

Ba Mwalimu anayang'ana phazi la kumanzere la mkuluyo. Mapatapata anabwerera kwa mwini wake mwakachetechete.

"Uziba pamene uphunzitsira ni pa ndani?" anafunsa ba Saidi.

"Ni panu. Mulungu akudalitseni. Koma nyumba yanu ili chabe apa, kuseri kwa njanji. Yendani na nsapato imozi mukafike. Mukafika bwino, na Asiyatu azafika bwino. Ine ninamuvalika imozi. Ba Madamu baja baimirira paja bamuvalika inangu. Imwe mufuna ayende umoyo wonse na imozi."

Amuna onse anatembenukira kumtengo kuja. Ndinalakalaka nthaka itandimeza.

Ba Saidi anavala ya kumanja ija, n'kuponda pansi ndi sokosi. Nthaka inkawotcha ngati chiwaya, koma anayenda chiwongokere, kugu, phya, kugu, phya, kulunjika ku miyala ya njanji. Ndinati basi, zatha. Mwana apita ku Chirundu, madrasa atsekedwa, ndipo ndayambitsa ndine.

Kenako kukhomo la azimayi kunatuluka Asiyatu. Sanayang'ane munthu. Anafika pamasitepe, anavula nsapato yake ya kumanzere, anaiponya yekha m'thumba la ba Mwalimu, n'kutsatira bambo ake. Iye analibe ndi sokosi yomwe.

Pa njanji miyala ndi yakuthwa, ndipo masana imatentha ngati makala. Ba Saidi anamva kupuma kwa munthu kumbuyo, anacheuka. Mwana wawo anali ataima pakati pa miyala, phazi lili m'mwamba, milomo ataluma, osalira. Anayang'anana nthawi yaitali. Kenako bambo uja anawerama, ananyamula mwana wake monga amanyamulira mwendo wa ng'ombe, n'kuwoloka naye njanji.

Loweruka sindinadye. Lamulungu ku tchalitchi sindinamve ulaliki. Lolemba m'mawa, tikusanja ana pa mzere wa mayeso, ndinaona kampango koyera kumapeto. Asiyatu, pensulo m'manja, nsapato ziwiri kumapazi. Anali atakaiombola Lamulungu, ndi sura yaitali komanso phunziro la mapapo.

Musaganize kuti ba Saidi anagonja kwathunthu. Sabata yomweyo pakanyumba kaja panalowa loko. Madrasa anasamukira pakhonde la ba Mwalimu, pomwe mvula inkalowa cham'mbali, ana n'kumalakatula atafunda masaka. Anakhala pamenepo mpaka mapeto. Ba Saidi anagula nsapato zina, ndipo ija sanaifunsenso. Akakumana mumsewu ankapatsana salamu ya lamulo, yowuma ngati chikonyo, aliyense n'kupitiriza ulendo.

Ba Mwalimu anatisiya chaka chatha, nthawi ya dzinja. Anadwala pang'ono chabe. Amuna atabwerako kumanda, ife azimayi tili pakhonde lomwe lija ndi Abiti Jafali, tinaona ba Saidi akulowa pageti, tsitsi litayera tsopano, pepala lapulasitiki lili m'manja. Anatulutsamo nsapato ya kumanja, yachikopa, yakuda.

"Amayi," anatero, "inzake ikalipo?"

Abiti Jafali analowa m'nyumba n'kubwera ndi thumba la feteleza lija. Munali nsapato imodzi yokha. Inkawala kuposa inzake.

"Benze kuipaka polishi pa Chisanu paliponse," anatero mayiwo. "Ati mwine wake azabwera."

Ba Saidi anatambasula dzanja. Abiti Jafali anabweza thumba.

"Lamulo muliziba."

Bambo wamkulu uja anayang'ana uku ndi uku, anavula nsapato, n'kukhala pamkeka pakati pa ana a madrasa. Anayamba sura yaifupi, ya ana oyamba kumene. Pakati anasokoneza. Mawu anachokera kumbuyo kwanga, odekha, kumukonza. Anali Asiyatu, yemwe tsopano akuphunzira unamwino ku Lusaka.

"Bwezani, batate. Kuchokera poyamba."

Anabwereza, misozi ikutsikira mu ndevu. Atamaliza, kamtsikana kena kanakweza dzanja.

"Nanga va ku sukulu?"

Tinaseka pamaliro, Mulungu atikhululukire. Ba Saidi anafotokoza za mapapo a ng'ombe, ndipo ndikuuzeni monga mphunzitsi, anakhoza.

Madrasa alipobe. Akuphunzitsa ndi mnyamata wophunzira bwino, wodziwa Chiarabu kuposa malemu, ndipo ana amamukonda. Koma ndikamadutsa masana ndimaona nsapato pakhomo zili mbwee, ziwiriziwiri, zina zamatope a ku mtsinje, popanda woziwerenga. Ana amatuluka, aliyense n'kupeza zake zonse. M'tauni yonse ya Kafue simudzaonanso mwana akutsimphina madzulo, milomo ikuyenda, akubwereza sura ndi mapapo. Ndipo sitima masiku ano imangodutsa ndi liwiro, yopanda woiopa.