Bondo la Mwini Wake ku Kanema Wopanda Mawu

Anzanga, kusungulumwa kumachititsa manyazi. Paja amuna anga, abambo a Tadala, akadali ku Lilongwe kudikira visa, ndiye ndikakhala pa off kuntchito yanga ya unesi, nyumba yanga ku Bordesley Green kuno kwa azungu imangoti zii, wondiyankhula ndi firiji basi. Loweruka lina ndinati ayi, lero ndikakhaleko pakati pa anthu, ndinakwera basi mpaka m'tauni, kuholo ina kumene ankaonetsa kanema wakalekale.

Kanema wayamba, anthu akuyasamula pakamwa koma mawu osamveka, mayi wina akungoimba piyano pakona. Ine dzambatu, kupita kwa bambo wa pakhomo, "Pepani, volume yanu yafa." Iye monong'ona, "Mayi, kanemayu ndi wopanda mawu." Ndikanadziwira kuti? Pobwerera mumdimamo ndinaponda mapazi a mzere wonse, sorry, sorry, mpaka pampando.

Koma kanemayo, abale! Mkazi wapita kumsika, wasiyira mwamuna nyumba. Mwamuna kusita diresi, diresi kupsa, pothamangira madzi waterereka pa sopo, thumba la ufa khu! pamutu. Ndendende abambo a Tadala tsiku limene ndinali kuchipatala kobereka. Azungu akuseka mwaulemu, ine ndikukuwa m'Chichewa, "Thawa iwe, akubwera ndi tsache!" Mkazi atalowa ndinaiwaliratu kumene ndili, ndinamenya bondo la munthu wa pambali panga, pha! "Abambo a Tadala, ndinutu awa!"

Abambo a Tadala ake ati? Anali mzungu wokalamba, tiyi wake yense wathera pa thalauzi. Unesi unandigwira pomwepo, ndinatsomphola kansalu kamene kanali pampando wakutsogolo n'kugwada, kuyamba kupukuta. Magetsi ng'anii! Ine chigwadire pamiyendo ya bambo wosamudziwa, m'manja muli sikafu ya mayi wakutsogolo, mwini wake akundiyang'ana ngati ndamubera mwana.

Ndinangoti nthaka ing'ambike. Koma mkuluyo anandigwira dzanja, maso ali ndi misozi, akuseka. "Musapepese, mwanangu. Chimwalirireni mkazi wanga palibe amene anandimenyapo pabondo limeneli."

Mu basi pobwerera ndinaseka, kenako ndinalira, kenako ndinaimbira abambo a Tadala kuwafotokozera zonse. Anangoti, "Ndiye bondo langa mwaligawa kwa azungu?"

Ndalumbira, mpaka visa ituluke, kanema ndizionera kunyumba. Ndikalakwitsa n'kupitanso, manja ndizikhalira.