Mapatapata a Hawa

Ku Maruapula, mumzinda wa Gaborone, kunali mzungu wa ku Sweden, a Torsten, amene sankatha kuona munthu akuyenda osamupekera nyimbo. Kwawo ankapeka nyimbo za m'mafilimu ndi za pa TV, makamaka zija zimalira wina akamabayidwa. Ankanyadira kuti anapha anthu mazana awiri, onsewo ndi piyano. Anabwera ku Gaborone mu 2001 kuthawa chisanu, ntchito n'kumaitumiza kwawo pa positi. Ine Hawa ndinawagwirira ntchito ya m'nyumba zaka zisanu ndi ziwiri.

Piyanoyo inali pawindo loyang'ana kugeti. Mlonda wathu Beston akangotulukira, inkalira nyimbo ya asilikali, iye n'kuyamba kuguba, munthu woti ankagona ali chiimire. A Ambrose, telala wa ku Block 3, anali ndi yawo yotsimphina. Mayi wogulitsa mazira anali nayo. Galu wa aneba naye anali nayo. Ine ayi.

"Bwana, nanga yanga?"

"Mma Hawa, yanu ndi yovuta."

"Yovuta chani? Galu munamupekera tsiku limodzi."

"Galu amagwedeza mchira."

Zinkandiwawa, sindinama. Wowachapira ndine, wowakakamiza kumwa mankhwala ndine, wowalanda fodya amene adokotala anawaletsa ndine ndemwe. Koma ndikangoyamba kuyenda pakhonde, mapatapata akulira, makiyi ali m'chiuno, piyano inkangoti zii.

Anamwalira mu 2008, ali pampando wawo womwewo. Mwana wawo Annika atabwera kumaliro anandigwira manja onse awiri.

"Ndinu a Hawa? Kwathu amakudziwani."

Maliro atatha anatiikira filimu. Bambo wina wabisala kuseri kwa chitseko, thukuta lili kamukamu, chigawenga chikubwera. Ndiye ndinamva: phwa, phwa, phwa, makiyi ngwengwengwe, piyano ikung'ung'udza pansi pake. Mapatapata anga enieni, lakumanzere lija long'ambika. Anthuni, mkulu uja ankandijambula mawu kwinaku akubisa fodya.

"Nyimboyi dzina lake ndi Hawa," anatero Annika. "Ana akaimva amathawira kunsi kwa bedi."

Beston anaseka mpaka kukhala pansi. Ine ndinapsa mtima. Zaka zonsezo kudikira, kuti andisandutse chigawenga pamaso pa dziko lonse la eni.

"M'filimu anaidula," anatero Annika, n'kuika CD. Mapazi aja atafika pakhomo, piyano inafewa, n'kuyamba kuyenda pang'onopang'ono ngati munthu akutonthoza mwana. Inapitirira choncho nthawi yaitali. Ndinapempha kuti aibwereze, ndipo ndinalira, Beston akuona.

M'nyumba muja munalowa anthu ena, pawindo anaikapo makatani. Beston masiku ano amalowa pageti akukoka miyendo, ndipo a Ambrose amangotsimphina popanda wowaimbira. Ine ndikugwira ku Block 9, kwa madamu osakonda phokoso, moti ndinagula nsapato zosalira. Mapatapata aja ali m'sutikesi. Kulibe woti ndikamuopseze.