Mtengo wa pa mchombo wa Tadala

Lolemba

Alengeza m'bindikiro wina. Kuyambira mawa ofesi yanga ndi tebulo la kukhitchini, moyang'anizana ndi windo, ndipo kuseri kwa windolo kuli manyazi anga.

Ndi mtengo wa mwana wanga Tadala. Anabadwa mu Sepitembala, malire a dziko ali otseka, kopanda gogo wobwera kudzaona za mchombo. Ndinaukulunga ndekha m'kansalu, n'kuukwirira kuseri kwa nyumba kuno ku Ellenbrook, m'dziko la eni kutsidya kwa nyanja, pamwamba pake n'kudzalapo sayipulesi. Mbande tinagula tsiku limodzi ndi a Mwale a ku Kwinana, mkulu wa mpingo wathu, omwenso anali ndi khanda. Mtundu umodzi, msinkhu umodzi. Wogulitsa anati ndi wa m'madambo a ku America.

Lero wanga masamba ali psuu ngati dzimbiri. Wa a Mwale, pa chithunzi chimene anaika pa nambala yawo ya foni, uli biriwiri. Pofika Lamulungu wanga ukhale utaupitirira.

Lachiwiri

Mayi a Tadala aona chithunzicho, akuti, "A Mwale ali ndi dzanja labwino." Ine langa ndi lotani? Sindinafunse.

Zimene a Mwale ali nazo:
galimoto ya ntchito,
mawu a besi mu kwaya,
tsitsi lonse, ngakhale amandiposa zaka,
mtengo wobiriwira m'nyengo yozizira.

Ku Kwinana, komwe mpweya wake ndi wa mafakitale! Ndikuchita nsanje, ndipo sindikubisa, pepala silinena kwa munthu. Pa msonkhano wa ku ofesi abwana andifunsa maganizo anga, ine maso ali pa windo. Ndangoti ndikugwirizana nazo. Sindikudziwa kuti ndagwirizana ndi chiyani.

Lachitatu

Sayipulesi ndimamudziwa ine. Kwathu ku Dedza ndi mpanda, chilimwe ndi dzinja sayoyola tsamba. Akafiira ndiye kuti akudwala. Pa intaneti akuti kawirikawiri vuto ndi madzi ochuluka. Ndasiya kuthirira, ndipo poti mvula ya kuno imagwa nthawi yozizira, ndauveka pulasitiki.

Ndathirapo phulusa la pa chowotchera nyama, masamba a tiyi ndi madzi a sopo, monga ankachitira bambo pa kabichi. Mzungu amene ndinayandikana naye wasuzumira pa mpanda atavala masiki, wayamba kunena kanthu. Ndamukupizira dzanja n'kulowa. Chisoni cha anthu sindichifuna.

Lachinayi

Apongozi aimba pa vidiyo kuchokera kumudzi. Akufuna kuona mdzukulu, kenako mtengo wake. Ndalozetsa foni ku mtengo wa mandimu wa neba. Mayi a Tadala andilanda foni n'kuilozetsa koyenera.

Apongozi akuti, "Mtengo wa pa mchombo suuma mwana ali moyo. Muchitepo kanthu, bambo." Tadala wayetsemula nthawi yomweyo. Tonse tamuyang'ana. Kunena zoona ine ndamugwira pa chipumi, ngakhale ndikudziwa kuti ndi fumbi la pansi pa sofa.

Mwana wa a Mwale, ndamva, wayamba kale kuimirira.

Lachisanu

Ndaugwedeza pang'ono kuti ndione. Masamba onse waa pansi. Watsala ndodo yokhala ndi tinthambi. Pakhomo pano othothoka tilipo awiri tsopano.

Mayi a Tadala akuti, "Bwanji osangowaimbira a Mwale?" Amati kufunsa n'kudziwa njira. Njira ya ku Kwinana ndikuidziwa kale, ndipo sindiifuna. Munthu amene uja akandiuza chochita, Lamulungu lino chikhala chitsanzo mu ulaliki.

Pulani yatsopano: mawa m'bindikiro ukutha. Ndikagula wina wobiriwira, wamtali kuposa wawo, ndidzale pa malo omwewo. Apongozi pa vidiyo sasiyanitsa.

Loweruka

Zatheka! Watsopano waima, wobiriwira ngati wa ku Dedza, wondifika m'mapewa. Wakalewo ndaukumba ndi chibuluma chonse cha dothi, mizu yake inali yambiri modabwitsa, ndauika kunja pafupi ndi bini.

Masana a Mwale atulukira ndi galimoto ija, atibweretsera ufa ndi usipa zomwe anatilonjeza m'bindikiro usanayambe. Aona ndodo ija. Aikanda khungwa ndi chikhadabo, ayang'anitsitsa. Akuti, "Achimwene, mukutaya uwu?" Ndati wafa, ndipo ndawaonetsa watsopano monyadira. Akuti, "Ndiye ndiunyamule, ndikauyese mwayi." Ndawathandiza kukweza ndi manja anga, ndikuseka chamumtima. Katswiri wa mitengo akutola nkhuni.

Lamulungu

Mapemphero a pa vidiyo atatha, a Mwale aika chithunzi pa gulu la mpingo. Mitengo iwiri yoyandikana, m'malo onyowa kuseri kwa nyumba yawo. Yonse iwiri ndodo zokhazokha. Pansi alemba kuti mtundu umenewu umayoyola masamba kukazizira, umakonda madzi, ndipo mu Sepitembala udzaphukanso. Chithunzi chobiriwira chija anajambula pa Khirisimasi, anangoiwala kuchisintha.

Ndakhala sabata yonse ndikupsa mtima ndi chithunzi cha pa Khirisimasi.

Mayi a Tadala awerenga, andiyang'ana. Akuti, "Nanga kansalu kaja munakachotsa m'mizu?" Ndatuluka ndi fosholo. Ndazula watsopano uja, ndakumba mpaka mchenga woyera. Palibe.

Ndaimbira a Mwale, njira ija ndinkaikana. Aseka ndi besi yawo. Akuti kansalu anakaona, kali bwinobwino pansi pa mtengo, koma mtengo susamutsidwa kawiri chaka chimodzi, ungafedi. Akuti, "Musadandaule achimwene, Tadala ndi wa kwathu tsopano. Muzibwera naye kudzaona kwawo."

Apongozi aimba madzulo ano. Sindinapeze mawu owauzira kuti mdzukulu wawo ndi wa ku Kwinana. Loweruka likubwerali tikupita kukathirira, ndipo a Mwale akuti ndisabweretse phulusa.