A Apilo ndi mtengo wa mango wa pa depoti

Iii, ndiye kuti a Apilo sunawaonepo? Agogo aja a majekete awiri? Unaphonya, mnzanga! Mlandu wawo unatha ine ndisanabadwe, koma Lolemba lililonse ankalawirira kukhoti ndi ndodo yawo kukautsegulanso.

Paja boma linatenga malo awo n'kumangapo depoti ya mabasi. Anasuma, analuza. Anachita apilo, analuzanso, dzina n'kuwakanirira. Chipukuta misozi analandira, nyumba ina anamanga. Chimene chinkawawawa ndi mtengo wa mango umene anadzala malemu akazi awo, chifukwa unatsalira m'kati mwa depotimo.

Mayi kalaliki wa kukhoti akangowaona pawindo ankayamba kupukusa mutu.

"Agogo, nkhaniyi inagamulidwa kale. Malo omwewo, dandaulo lomwelo, munthu yemweyo. Khoti siliweruza kawiri."

"Munthu yemweyo? Amene analuza uja anali wa jekete yakuda. Taona bwino mwanawe, iyi ndi yabulauni!"

Lolemba lina anatulukira akukoka mkamwini wawo padzanja.

"Lero akusuma ndi uyu. Watsopanotsopano, sanaluzepo."

"Nanga malowo iyeyu akumukhudza bwanji?"

"Kudzera mwa ine."

"Ndiye chigamulo chija chamumanga nayenso."

Mkamwini anangoti zikomo kwambiri, liwiro! Agogo osagwa ulesi, sabata yotsatira ndi awo.

"Ndinaiwala mbalame. Mumtengomo muli zisa, oweruza sanamve zimenezo."

"Munayenera kuzitchula pa mlandu woyamba."

"Zinali zisanaikire!"

Anthu pabenchi kuseka mpaka misozi. Koma akachoka pamenepo ankapita ku depoti, kusesa pansi pa mtengo uja, kuuthirira, kenako n'kuusisita, akuulankhula ngati ndi akazi awo aja. "Mayi, atikananso. Tiyesa Lolemba."

Ndiye chaka chatha kunamveka zoti mtengowo audula kuti mabasi azikhota bwino. Lolemba lotsatira a Apilo anafika pawindo opanda nthabwala, chipewa chili m'manja.

"Malo aja ndawasiya, mwanawe. Mtengo wokhawu."

"Khomo la khoti linatsekeka, agogo, sindingakunamizeni. Koma munayamba mwapemphapo? Osati kusuma, kupempha."

"Kupempha? Ine?"

Nthawi ya nkhomaliro mayiwo anatseka windo n'kuwaperekeza okha kwa bwana wa depoti. Makondakitala atamva analondola, ogulitsa malonda nawonso, ofesi kudzaza thothotho! Wina akuti mthunzi wathu, wina akuti mango athu. A Apilo, munthu woti pakamwa sipankatsekeka, anangoti, "Anadzala ndi mkazi wanga."

Bwana anasuzumira pawindo, nakanda m'mutu. "Chabwino, mabasi azizungulira."

Potuluka agogo ananong'oneza mayi kalaliki: "Nanga apa ndichite apilo kuti?"

Anatisiya mango a chaka chimenecho asanapse. Masiku ano Lolemba kukhoti kuli zii, ndipo akuti mayi kalaliki amadzutsabe mutu akamva ndodo pakhonde. Ku depoti mabasi akuzungulirabe, madalaivala akutukwana pang'ono, koma palibe wokhudza ngakhale nthambi. Jekete yabulauni ija makondakitala anaipempha kwa mkamwini, ili pamsomali pakashedi kawo.

Tikumane Loweruka pansi pa mtengowo, ndikakuonetse. Ubwere ndi kabotolo ka madzi, iwe. Pamenepo munthu sakhala pamthunzi asanathirire.