Nkhomo zanga zinamera miyendo ku Chileka

Sendezani kuno ndisachite kukuwa, chifukwa nkhani iyi ena ayamba kale kuifotokoza mokhota.

Ine bawo ndinayamba ndisanamere ndevu, ndipo pa Lirangwe pano amene anandigonjetsako ndi owerengeka. Koma ku Chileka kuli telala wina, Che Saidi, amene anandikwapula katatu tsiku limodzi pakhonde pa shopu yake, anthu akuonerera. Pobwerera ndinauza minibasi yonse kuti nkhomo za mkulu uja, njere zosewerera zija, nzokhwimira. Mawuwo anakamupeza. Sanakwiye, anangotumiza uthenga kuti ndipite Loweruka ndi nkhomo zangazanga, bawo lokha likhale lake, anthu akaone wonama ndani.

Loweruka m'mawa ndikuwerenga nkhomo m'chitini, zaperewera zinayi. Magalasi anga anali atathyoka mwendo, ndinawasiya pawindo. Ndinazungulira kuseri kwa bafa, pamene pamatsikira madzi, n'kutembenuza chidutswa cha njerwa, ndipo pansi pake panali timiyala tozungulira bwinobwino, totuwa, tozizirira, kukula kwake ngati nzama. Ndinasankha tinayi. Mukuti sindinamve m'manja? Manja a khasu awa amamva chiyani? Ndinaponya m'kathumba, minibasi mpaka pa Lunzu, kabaza mpaka ku Chileka, kathumba kakungogwedezeka njira yonse.

Khonde ndinalipeza lodzaza. Tinathira nkhomo m'maenje, masewera n'kuyamba. Tsono Che Saidi ali ndi khalidwe lake, akafika poganiza amawerenga ndi maso, milomo ikugwedera, mpaka tiyi kuzizira m'kapu. Ine ndinkangoyang'ana ndege zikutera. Nditabweza maso, dzenje langa lakutsogolo limene ndinasiyamo nkhomo zitatu munali ziwiri, ndipo lake loyang'anizana nalo linali litanenepa. Ndinangokhosomola. Patapita nthawi zinachitikanso, mkulu uja n'kundidya mzere wonse. Kachitatu ndinaimirira.

Ndinayankhula zambiri tsiku limenelo. Ndinati zala za atelala zinazolowera kubisa zidutswa za nsalu za eni ake. Ndinati munthu wa imvi sayenera kuba masana. Ndinalumbira pa manda a bambo anga kuti pali dzanja likuyenda pabawopo, kenako ndinalamula kuti aliyense, osewera ndi oonerera omwe, aike manja kumbuyo, tiyang'ane bawo tonse, tione ngati nkhomo zisunthenso.

Che Saidi anangoti, "Chabwino achimwene, manja kumbuyo."

Tinakhala duu, amuna akuluakulu khumi ndi awiri, kuyang'ana thabwa. Ndipo m'dzenje langa kamwala kamodzi kanang'ambika pakati. Kanatambasuka, kanatulutsa tinyanga tiwiri, kanafufuza uku ndi uku, n'kukwera mosafulumira kukatsikira kwa Che Saidi. Kachiwiri kanatsatira. Kachitatu kanagwera pansi n'kulunjika kunsi kwa ndowa ya madzi. Kachinayi kanali kamwala ndithu, chilungamo tinene.

Bambo wina wogwira ntchito ku eyapoti anatola kamodzi, kanadzipindanso nthawi yomweyo kukhala kampira, osaoneka mutu kapena phazi. Anakasiya pachikhatho mpaka kanatseguka, anthu n'kuunjikana. Msana wake ndi timizeremizere tolimba tosanjikizana ngati malata, kumimba koyera, miyendo isanu ndi iwiri mbali iliyonse, ndinawerenga ndekha popeza ndinalibe kwina koika maso. Sikaluma, sikanunkha. Ena ankati ndi mwana wa bongololo, bambo uja anakana, akuti n'kachibale ka nkhanu, kamakhala ponyowa pansi pa njerwa ndi masamba owola chifukwa dzuwa limakaumitsa, ndipo kamatseguka pokhapokha pakakhala bata. Dzina lake panalibe analidziwa, m'Chichewa ngakhale m'Chiyao.

Kenako wina anafunsa kuti kodi nkhomozi anabwera nazo ndani. Maso onse anali kale pa ine.

Che Saidi anaseseratu tiwiri tija ndi kachidutswa ka nsalu, kukatisiya pamthunzi, n'kundiyang'ana mwaulemu wonse.

"A Magombo, mukadanena kuti mubwera ndi alendo, tikadaphika tiyi wokwanira."

Ndinapepesa pomwepo, chipewa chili m'manja, mawu onse aja ndinawameza limodzilimodzi. Mkulu uja anandikhululukira, tinamaliza masewera ndi mabatani a malaya, iye n'kundikwapulanso kawiri.

Vuto ndi lakuti nkhani inafika pa Lirangwe ine ndisanafike, ndipo inafika itasintha. Lero amati Magombo ali ndi nkhomo zoyenda zokha, amazidyetsa kuseri kwa bafa, ndikakhala pabawo anzanga amapeza zochita. Ndinalumbira kuti chilichonse chozungulira ndikachitola ndizichiika pansi kaye, ndidikire chiganize bwino ngati ndi mwala.

Inu mwamva mmene zinakhalira. Mukakumana ndi anthu a pamsika paja, chonde kawauzeniko pang'onopang'ono kuti sanali mankhwala, anali maso.