Maliro a Thumba la Ufa

Anzanga, ine ndinapitapo pa maliro anga omwe, ndikuyenda ndi miyendo yanga.

Chaka chimene ufa unakwera mtengo mpaka anthu a kwathu ku Mtendere kumagula wa m'timapepala, ndinaganiza zojambula kafilimu koseketsa kopanda mawu olankhula: banja likuika maliro a thumba la ufa, nkhani yonse ikumveka ndi phokoso la mapoto ndi kulira basi. Thumbalo linafunika lopanda kanthu, choncho ufa wathu wotsala ndinaukhuthulira m'ndowa.

"Ba Tembo, unga uyu ufike kumapeto kwa mwezi," anandichenjeza mkazi wanga. Kenako anandilirira ine ndikujambula pafoni, kulira kwenikweni kwa pamaliro, n'kupita kumsika kukagulitsa zovala za salaula.

Kulirako ndinakuika pa kakhadi, kakhadi m'sipika yaikulu yobwereka kutchalitchi, ndili kuchipinda kumvetsera. Magetsi phethi! Ndinakiya chipinda n'kupita kukameta ku Kalingalinga, sipika ili chilumikizire kukhoma. Ndani akanadziwa kuti magetsi abwera msanga tsiku limenelo, n'kuti sipikayo imayamba yokha?

Pobwerera ndinapeza mipando yathu ili panja, azibambo akhalapo mitu ili pansi, azimayi a zitenje adzaza pabalaza akuimba nyimbo. Kuchipinda mkazi wanga akulira osapuma, pomwe mwini wake ali kumsika. Amayi Zulu, eni nyumba, akuti anagogoda osayankhidwa n'kulamula kuti wamasiye asiyidwe alire.

Ine kupusa, ndinavula chipewa n'kufunsa mwaulemu: "Wamwalira ndani?"

Mayo! Wina analumpha ngalande, wina anataya nsapato. Amayi Zulu anandigwira mkono n'kuutsina.

"Ba Tembo, simunafe? Manje vinthu vonse taphika!"

Ndinathamangira kundowa. Mbee! Anthu anabwera chimanjamanja, nthawi zake zinali zimenezo, ndiye olira anadya ufa wa malemu. Manyazi anandigwira, koma mantha ndiwo anakula.

Mkazi wanga atafika anayang'ana anthu, anayang'ana ndowa, n'kukhala pansi. Kulira kumene analira apo, kwa m'sipika kunachepa. Ndipo ine, chitsiru cha munthu, ndinatulutsa foni.

"Mayi a Chisomo, bwerezaniko pang'ono, apa ndiye pamveka bwino."

Ndowa ija inandipeza pamphumi. Filimu sindinasiye ayi, koma ya maliro sindidzajambulanso, ndipo ndikamachoka pakhomo ndimazula chilichonse kukhoma, ngakhale ketulo.